Chidole Chikagwa, Funsani Chifukwa Chake

(NYIMBO YOTSEGULIRA. ITSIKE PANG'ONOPANG'ONO)

WOULUTSA: Omvera athu kuno ku Domwe, ku Ulongwe, ku Tsangano, kumalire a Calomue, ndi inu abale athu a ku Dedza ndi ku Ntcheu amene mawu ano akukupezani,  nthawi yathu yokambirana za sayansi yakwananso, ndipo nkhani ya lero ili m'manja mwa ana anu, pafoni.

Tsiku la msika mukadutsa pamalo paja potchajitsa mafoni, mupeza anyamata anayi kapena asanu atagundanitsa mitu pafoni imodzi. Sakuonera mpira, sakumvera nyimbo. Pagalasi pali kamunthu kolobodoka, kakuyesa kuyenda. Kaponya phazi, bondo lapindika, chiuno chatsalira m'mbuyo, mikono ili lendelende, kenaka khu! kagwa chagada. Onse aja chikhakhali. Mwini foni sakhumudwa, angoti ulendo uno ndifika, n'kuyambiranso.

Opanga magemu otere amawatcha ragdoll, ndiye kuti chidole chansanza. Ena amaseweredwa pa intaneti pomwepo mukangotsegula Chrome, osafunika kuwatsitsa. Ena amalowetsedwa m'foni, ana n'kumagawirana. Funso lathu lero ndi lakuti, kamunthu kongokhalira kugwa kamakoka bwanji mtima wa munthu? Yankho limene ndikufuna tilione pamodzi ndi ili. Kugwa kumeneku sanakujambule munthu. Foni imachita kukuwerengera nthawi yomweyo, motsatira malamulo omwe aja amene amagwetsa inu ndi ine. Choncho kugwa kulikonse kuli ndi chifukwa chake, ndipo chifukwacho munthu atha kuchipeza. Mwana amene wayamba kuchifunafuna wayamba kale phunziro lija kusukulu timati fizika, anzathu a ku Malawi amati fizikisi.

(NYIMBO PANG'ONO)

WOULUTSA: Tiyambe ndi mmene zinkakhalira kale. M'magemu akale, munthu wa m'gemu akamenyedwa n'kugwa, kagwedwe kake kanali kojambuliratu. Mmisiri ankakhala pansi n'kujambula zithunzi motsatizana: apa wadzandira, apa wagwada, apa wagona. Ntchito ya kompyuta inali kungoonetsa zithunzizo mofulumira. Zinali ngati filimu ya m'nyumba ya vidiyo, imene ngakhale muionere kakhumi, wogwayo amagwera pomwepo, mwanjira yomweyo. Agwere pabwalo, agwere pamasitepe, agwere m'mphepete mwa phompho, kagwedwe kanali kamodzimodzi, mwina theka la thupi n'kutsala lili m'malere popanda choligwira.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990, makompyuta atayamba kukhala ndi mphamvu, amisiri anaganiza zosiya kujambula kugwa n'kuphunzitsa kompyuta malamulo a kugwa. Imodzi mwa magemu oyambirira kuyesa zimenezi inali Jurassic Park: Trespasser ya mu 1998. Mu 2000 kampani ya IO Interactive ya ku Denmark inatulutsa Hitman: Codename 47, ndipo chaka chotsatira katswiri wawo wa masamu, Thomas Jakobsen, anafotokozera amisiri anzake poyera njira imene anagwiritsa ntchito. Njirayo ndi yosavuta moti titha kuifotokoza pawailesi pano.

Tengani pepala m'maganizo mwanu. Ikani kadontho pamutu, timadontho pamapewa, pazigongono, pamanja, m'chiuno, m'mawondo ndi pamapazi. Lumikizani timadonthoto ndi timizere. Kamzere kalikonse kakuimira fupa, ndipo lamulo lake ndi lakuti sikatalika, sikafupika. Onjezerani malamulo ena awiri: bondo silipindikira kutsogolo, ndipo palibe kadontho kololedwa kulowa pansi pa nthaka. Chidole chathu chatha.

Tsono kompyuta imatenga kadontho kamodzikamodzi n'kufunsa kuti, kali pati tsopano, nanga kanali pati kamphindi kapitako? Kusiyana kwa malo awiriwo kumaiuza kumene kadonthoko kakulowera ndi liwiro lake. Imakasuntha kuti kapitirize ulendo womwewo, n'kukakokera pansi pang'ono chifukwa cha mphamvu yokoka ya dziko. Ikatha timadontho tonse, imayang'ana mafupa aja. Ngati lina latalika, imakokera nsonga zake pamodzi. Ngati phazi lalowa m'nthaka, imalibwezera pamwamba. Ikatero imajambula chithunzi n'kuyambiranso, kawirikawiri maulendo 60 pasekondi imodzi. Kawerengedwe kameneka kamadziwika ndi dzina la Loup Verlet, wasayansi wa ku France amene anakagwiritsa ntchito mu 1967 pofufuza mayendedwe a maatomu. Masamu ofufuzira maatomu ndi amene lero akugwetsa chidole pafoni ya mwana wa ku Domwe.

Pansi pa zonsezi pali malamulo atatu amene Isaac Newton anasindikiza mu 1687. Loyamba, chinthu sichisintha mayendedwe ake pokhapokha china chitachikankha kapena kuchikoka. Lachiwiri, chinthu cholemera chimafuna mphamvu yambiri kuti liwiro lake lisinthe. Lachitatu, ukakankha chinthu, nachonso chimakukankha ndi mphamvu yofanana. Kuwonjezera apo, chinthu chikamagwa, liwiro lake limakwera ndi mamita 9.8 pasekondi, sekondi iliyonse. Mmisiri wa gemu amalemba malamulowa, n'kusiya zotsalazo kuti zichitike zokha. Ngakhale iye mwini sadziwa mmene chidole chigwere ulendo wotsatira.

(NYIMBO PANG'ONO)

WOULUTSA: Poyamba chidole chotere chinkagwira ntchito pokhapokha munthu wa m'gemu akafa. Koma anthu anaona kuti kugwako pakokha n'kosangalatsa. Mu 2002 mnyamata wa ku Finland, Jetro Lauha, anapanga gemu yotchedwa Stair Dismount, imene ntchito yake yonse ndi kukankha chidole kuchokera pamwamba pa masitepe n'kuona mmene chikunkhulikire. Mumasankha pochikankha ndi mphamvu yochikankhira, basi.

Yotchuka koposa inabwera mu 2008. Anaipanga ndi Bennett Foddy wa ku Australia, munthu wophunzira za nzeru zakuya amene kale ankaimba gitala ya besi m'gulu loimba la Cut Copy. Gemuyo dzina lake ndi QWOP, zilembo zinayi za pa kiyibodi ya kompyuta. Muli wothamanga mmodzi amene ayenera kumaliza mamita 100. Mabatani a Q ndi W amayendetsa ntchafu, O ndi P amayendetsa miyendo kumunsi kwa mawondo. Palibe batani lakuti thamanga. Mwendo uliwonse muyenera kuunyamula nokha, kuupinda nokha, kuuponda nokha, panthawi yake. Ambiri oyamba kumene amagwa asanathe ndi mamita awiri omwe, ena amagwera m'mbuyo n'kupezeka ali kuseri kwa mzere woyambira. Wofulumira kudinadina ndiye amagwa msanga. Akuluakulu anati kuthamanga sikufika, ndipo m'gemu imeneyi mawuwa amakwaniritsidwa sekondi iliyonse. Chakumapeto kwa 2010 gemuyi inafalikira dziko lonse, anthu mamiliyoni n'kumalimbana nayo.

Chimene QWOP inaulula n'chakuti kuyenda ndi ntchito yovuta kwambiri, kungoti thupi lathu linatibisira kuvutako. Ndikufuna muzione nokha pompano. Amene mwakhala pampando, wongolani msana. Mapazi akhale pansi, patsogolo pa mpando, molunjika ndi mawondo. Manja muike pachifuwa. Tsopano imirirani, koma osaweramira kutsogolo ndiponso osakokera mapazi kunsi kwa mpando. Yesani.

(KACHETECHETE KWA MASEKONDI ASANU)

WOULUTSA: Zakanika, si choncho? Ngakhale mnyamata wamphamvu wonyamula thumba la feteleza payekha sangathe. Nkhani si mphamvu. Thupi lililonse lili ndi malo amene tingati ndi phata la kulemera kwake. Kwa munthu woimirira, malowa ali m'kati mwa mimba, kumunsi pang'ono kwa mchombo. Kuti munthu aime, phata limeneli liyenera kukhala pamwamba pa malo amene mapazi aponda. Mutakhala pampando, phatalo lili kumbuyo kwa mapazi. N'chifukwa chake tsiku lililonse musanadzuke mumayamba mwaweramira kutsogolo kapena kukokera mapazi m'mbuyo. Mwakhala mukuchita zimenezi moyo wanu wonse popanda wokuuzani.

Kuyenda kumapitirira pamenepo. Poyenda, munthu amatulutsa dala phata lija kunja kwa mapazi, thupi n'kuyamba kugwera kutsogolo, mwendo wina n'kuthamangira kukaliwakha lisanafike pansi. Phazi lililonse limene mumaponya ndi kugwa kumene mwakuletsa. Thupi la munthu wamkulu lili ndi mafupa 206 ndi minofu yoposa 600. M'kati mwa khutu muli timachubu tokhala ndi madzi timene timauza ubongo ngati mutu wapendekeka. Maso amathandiza, mapazi amamva nthaka, ndipo ubongo umaphatikiza zonsezi inu mukucheza ndi mnzanu panjira.

Luso limeneli tinaligula ndi kugwa. Mu 2012 Karen Adolph ndi anzake a ku New York University anasindikiza zimene anapeza atawerenga mayendedwe a ana a miyezi 12 mpaka 19 akusewera. Anapeza kuti pa ola limodzi mwana amaponya mapazi pafupifupi 2,400 ndipo amagwa pafupifupi maulendo 17. Amayi amene mwalera ana, nambala zimenezi sizikudabwitsani. Mwaona mwana akugwira mwendo wa mpando, kuusiya, kudzandira kawiri, kukhala pansi phi, kuyang'ana nkhope yanu, n'kudzukanso. QWOP imabwezera munthu wamkulu pamsinkhu umenewo. Imamulanda luso limene analiiwala kuti anachita kuphunzira, n'kumuuza kuti aliphunzirenso ndi zala.

Ndipo luso la thupi limeneli kuno kwathu lilipo lochuluka. Angoni a Maseko anakhazikika m'munsi mwa phiri lino la Domwe cha m'ma 1870, ndipo ngoma yawo tikuvinabe. Muyang'anitsitse wovina ngoma akamakweza mwendo kuti aponde. Asanaukweze, thupi lonse limayamba lasamukira pamwendo winawo, chishango ndi chibonga zili kuthandiza kuti asapendekeke. Akaponda, nthaka imamubwezera mphamvu yonse imene waiponda nayo, ndipo amailandira ndi bondo lopindika pang'ono. Malamulo atatu a Newton onse ali pabwalo pamenepo. Nawonso amayi osenza. Mu 1986 Geoffrey Maloiy wa ku University of Nairobi ndi anzake anayeza amayi a mitundu ya Luo ndi Kikuyu ku Kenya, napeza kuti amatha kusenza katundu wofika gawo limodzi mwa magawo asanu a kulemera kwa thupi lawo popanda kuwononga mphamvu yowonjezera. Ndiye kuti mayi wolemera makilogalamu 60 atha kusenza malita 12 a madzi thupi lake n'kumagwira ntchito ngati alibe kanthu pamutu. Mayi wotsika ndi ndowa kuchokera kuchitsime akuchita chinthu chimene amisiri a makina akuvutika nacho mpaka lero.

(NYIMBO)

WOULUTSA: Ngati mwangotsegula kumene wailesi yanu, tikukamba za magemu a zidole zogwa ndi sayansi imene ili m'kati mwake. Tsopano tingathe kuyankha funso lathu lija, lakuti chimakoka n'chiyani.

Choyamba, palibe kugwa kofanana ndi kunzake. Mukachedwa kudina ndi kamphindi kochepetsetsa, phazi limaponda pena, bondo limapindika mwina, ndipo pakutha pa masekondi awiri chidole chagwa chafufumimba m'malo mwa chagada. Kusiyana kwakung'ono poyamba kumabala kusiyana kwakukulu pomaliza. N'chifukwa chake anyamata aja amatha kuonera mnzawo akusewera osatopa. Chimene chichitike palibe anachionapo.

Chachiwiri, thupi lathu limawadziwa malamulo amenewa ngakhale mutu sunawaphunzire. Chidole chikayamba kupendekeka, woonera amapendekeka nacho, ena mpaka kupotoza foni ngati kuti zithandiza. Timaona kugwa kukubwera kusanafike, ndipo kukafika mwanjira ina yosiyana ndi imene timayembekezera, chiseko chimaphulika. Mu 1900 Henri Bergson wa ku France analemba buku lonse lofufuza chifukwa chimene anthu amasekera. Mfundo yake yaikulu inali yakuti timaseka tikaona munthu wamoyo akuchita zinthu mouma, mopanda kudziwongolera, monga chimachitira chinthu chopanda moyo. Ananenanso kuti chiseko chimafuna kuti chisoni chikhale chitaima pambali. Apa m'pofunika kumvetsa. Anganga akaterereka pachitsime sitiseka, timathamanga kukawadzutsa. Chidole timachiseka momasuka chifukwa tikudziwa kuti palibe wapweteka.

Chachitatu, chimene ine ndikuchiona kuti ndicho chachikulu, kulephera m'magemu amenewa kumaphunzitsa. Ukagwa umadziwa kuti wagwa wekha, ndipo ukaganiza pang'ono umaona pamene unalakwitsa: ndinakweza mwendo thupi lisanasamuke, ndinaponda moto kwambiri pachitunda. Umasintha chinthu chimodzi n'kuyesanso, n'kuona ngati zasintha. Kuyesa, kuona, kusintha chimodzi, kuyesanso. Umu ndi mmene wasayansi aliyense amagwirira ntchito, ndipo mwana amazichita mosakakamizidwa, akuseka.

Titenge chitsanzo cha gemu yopezeka m'mafoni ambiri chifukwa sifuna intaneti, Hill Climb Racing. Inatuluka mu 2012 ku kampani ya Fingersoft ya mumzinda wa Oulu ku Finland. Muli kagalimoto, dalaivala wogwedera khosi, ndi mabatani awiri okha, moto ndi buleki. Mukaponda moto kwambiri pokwera, mawilo akutsogolo amanyamuka, galimoto n'kugadabuzika. Mukamanga buleki mwadzidzidzi potsika, kumbuyo kumanyamuka. Tsono funsani achimwene aliyense amene amatsitsa matumba a kachewere panjinga kupita nawo kumsika. Akuuzani kuti thumba ukalimanga m'mwamba kwambiri pakaliyala njinga imayepa, ukalibweza kumbuyo kwambiri wilo lakutsogolo limapepuka pachitunda, ndipo nzeru ndi kulitsitsa ndi kulisendeza pakati. Akuuzaninso kuti nthawi ya dzinja, dothi lathu lofiira likanyowa, buleki yakutsogolo siigwiridwa mwamphamvu pokhota, chifukwa tayala likasiya kugwirana ndi nthaka palibenso chokuimitsa. Wanjinga ndi mwana wapafoni akulimbana ndi lamulo limodzi: phata la kulemera likhale pansi ndiponso pakati pa mawilo. Akanakhala pamodzi n'kukambirana, aliyense akanaphunzira kwa mnzake.

(NYIMBO PANG'ONO)

WOULUTSA: Koma makolo ndi ana, pali malo amene gemu imanama, ndipo tiyenera kuwatchula mosabisa.

Bodza lalikulu ndi batani loyambiranso. Dalaivala wa m'gemu akathyoka khosi, pakapita sekondi imodzi ali bwinobwino pampando wake. Munthu alibe batani limenelo. Tiwerenge pamodzi ndi masamu omwe aja a Newton. Munthu wokwera njinga yamoto imene ikuthamanga makilomita 40 paola akawomba chinthu cholimba, thupi lake limalandira nkhonya yofanana ndi kugwa kuchokera pamtunda wa mamita oposa 6. Pa makilomita 60 paola, ndi mamita 14. Onani kuti liwiro langowonjezeka ndi theka, koma nkhonya yaposa kuwirikiza kawiri. Lamulo lake ndi lakuti liwiro likawirikiza kawiri, mphamvu ya kugunda imawirikiza kanayi. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO linanena mu 2023 kuti ngozi zapamsewu zimapha anthu pafupifupi 1.19 miliyoni chaka chilichonse. Anyamata a njinga zamoto, inu amene mumanyamula amayi athu ndi katundu wawo m'misewu ya kuno, chipewa choteteza mutu ntchito yake ndi kutalikitsa kamphindi kamene mutu umaima, kuti nkhonyayo isafike yonse paubongo nthawi imodzi. Valani, ndipo mumange lamba wake. Wokwera naye avale.

Chachiwiri choti tisamale nacho n'chakuti magemu ena amtunduwu ali ndi magazi ndi ziwalo zoduka. Happy Wheels, imene Jim Bonacci anatulutsa mu 2010, ndi yotchuka kwambiri, koma si ya ana aang'ono. Kholo lisamangomva chiseko patali. Sendererani, muone chimene chili pagalasi.

Chachitatu ndicho chikundidetsa nkhawa kwambiri. Masamba ambiri a magemu aulere amadzaza ndi zotsatsa malonda, ndipo zina mwa izo zimakokera ku juga. Mwamva za gemu ija ambiri amaitcha kandege, imene munthu amaikapo ndalama n'kumadikira kuti atulutse kandegeko kasanathawe. Pamaso imaoneka yofanana ndi magemu amene takambawa: chinthu chikukwera, kenaka zonse zatha. Koma m'kati ndi zinthu ziwiri zosiyana kotheratu. Chidole chimagwa chifukwa cha zimene iwe wachita, ndipo ukalimbikira umachidziwa. Kandege kamathawa panthawi imene nambala yamwayi yasankha, ndipo masamu ake anakonzedwa kuti pakapita nthawi mwini juga ndiye apindule. Ungasewere chaka chonse, palibe luso limene ungapeze, chifukwa palibe chifukwa chimene ungachitulukire. Mwana wanu mum'phunzitse kusiyanitsa ndi funso limodzi: kodi ndikaluza, ndingathe kudziwa chimene ndalakwitsa? Ngati yankho ndi ayi, ndipo akufuna ndalama, imeneyo ndi juga. Mametikali a fodya ndi kachewere amabwera kamodzi pachaka, asathere pamenepo.

Za mamega ndi nthawi, banja lililonse lipangane lokha. Gemu ibwere ntchito yapakhomo ndi ya kusukulu zitatha, ndipo magemu osafuna intaneti amapulumutsa ndalama.

(NYIMBO PANG'ONO)

WOULUTSA: Mwina wina akufunsa kuti, kodi zidole zogwazi zili ndi ntchito ina kupatula kuseketsa? Zili nayo, yaikulu. Opanga magalimoto amaika zidole zazikulu ngati munthu m'galimoto n'kuiwombetsa dala kukhoma, kuti aone chimene chingachitikire khosi, chifuwa ndi mawondo. Chidole chodziwika kwambiri pantchitoyi, Hybrid III, chinapangidwa ndi kampani ya General Motors mu 1976, ndipo malamba ndi mipando ya magalimoto a masiku ano zinakonzedwa potengera zimene zidole zotere zinaonetsa. Lero kuyesa kwambiri kumayamba pakompyuta, ndi chidole cha masamu. Mu 2017 akatswiri a DeepMind ku London anaonetsa zidole za pakompyuta zimene zinadziphunzitsa zokha kuthamanga ndi kudumpha zopinga, pogwa ndi kuyambiranso kosawerengeka. Maloboti ambiri oyenda ndi miyendo amayamba aphunzira motero m'kompyuta asanaponde nthaka yeniyeni.

Ndipo anyamata ndi atsikana, dziwani kuti magemu ambiri amene tatchulawa sanapangidwe ndi makampani akuluakulu. Stair Dismount anapanga munthu mmodzi. QWOP anapanga munthu mmodzi. Human: Fall Flat ya mu 2016, imene yagulidwa ndi anthu mamiliyoni ambiri, anaiyamba yekha Tomas Sakalauskas wa ku Lithuania. Zida zake zambiri n'zaulere. Erin Catto analemba pulogalamu yowerengera kugundana ndi kugwa kwa zinthu yotchedwa Box2D n'kuipereka kwa aliyense, ndipo ndi imene ili m'kati mwa Angry Birds ya mu 2009. Woyamba kumene atha kuyambira pa Scratch, imene inatuluka mu 2007 ku MIT ku America, yophunzitsa ana kupanga mapulogalamu polumikiza timabokosi, ndipo ilipo m'Chipwitikizi. Palibe lamulo lakuti gemu ya njinga yonyamula kachewere pachitunda cha Domwe adzapange ndi munthu wa ku Finland. Amene amaidziwa njirayo, matope ake ndi makhotakhota ake, ali konkuno.

Kwa inu aphunzitsi, makamaka kumene kulibe chipinda choyeseramo za sayansi, pali PhET, imene anayambitsa Carl Wieman mu 2002 ku University of Colorado. Ndi zoyeserera za fizika, kemisitiri ndi masamu, zaulere, zomasuliridwa m'Chipwitikizi, ndipo mutha kuzitsitsa kamodzi n'kumazigwiritsa ntchito popanda intaneti. Koma ngakhale musanafike kumeneko, ana anu akubwera m'kalasi atagwetsa kale zidole kambirimbiri. Musayambe ndi kulemba malamulo a Newton pabolodi. Yambani ndi kuwafunsa chifukwa chimene kagalimoto kaja kamagadabuzikira pachitunda. Manja adzakwera, mayankho adzatsutsana, ndipo lamulo likadzabwera lidzapeza malo ake atakonzedwa kale.

Makolo, inunso simufunika kudziwa kusewera. Mukamva chiseko, khalani pambali pa mwanayo, chidole chikagwa mum'funse kuti chagwa chifukwa chiyani, nanga usintha chiyani. Safunsa anadya phula. Mwana wozolowera kufunsidwa funso limeneli adzalifunsa yekha mbewu ikakanika kumunda, njinga ikawonongeka, malonda akalowa pansi.

(NYIMBO IYAMBE CHAPANSIPANSI)

WOULUTSA: Tisanasiyane, nayi ntchito ya sabata ino, ndipo sifuna foni. Yoyamba: imani chotsamira khoma, zidendene ndi msana zikhudze khomalo. Mnzanu aike mwala pansi, patsogolo pa zala za kumapazi anu. Yesani kuutola osapinda mawondo, osasuntha mapazi. Pakhale wina pafupi woti akugwireni, ndipo mukalephera mufotokoze chifukwa chake pogwiritsa ntchito zimene mwamva lero.

Yachiwiri: pezani katoni yakale, mudule mutu, thupi, mikono ndi miyendo, mwendo uliwonse zidutswa ziwiri. Boolani ndi msomali n'kulumikiza ndi ulusi, mosamangitsa, kuti ziwalo zizigwedera. Tsamiritsani thabwa panjerwa, muike chidolecho pamwamba n'kuchisiya chitsike. Kenaka mangirirani kamwala pachifuwa pake, muyesenso. Sunthirani kamwalako kumapazi, muyesenso. Thirani mchenga pathabwa, kenaka madzi. Nthawi iliyonse sinthani chinthu chimodzi chokha, ndipo musanachisiye chidolecho nenani mokweza chimene mukuganiza kuti chichitika. Lembani m'kope zimene munalosera ndi zimene zachitikadi, mupite nazo kwa aphunzitsi anu a sayansi.

 Tidzakumanenso sabata yamawa nthawi ngati yomweyino. Tsalani bwino.

(NYIMBO IKWERE MPAKA KUMAPETO)